Mawu a Badr

"Saina apa," anatero Abdelhak, akukankhira pepala kwa Ikram, mwana wa malemu mng'ono wake, Badr. Linali tsiku lachitatu chiikire Badr m'manda, mbale za chakudya cha kusikusi zimene anansi anabweretsa zisanabwezedwe n'komwe.

Pepalalo linali lopita kwa anthu ena a ku Casablanca amene amasunga nyimbo zakale za rapu pa intaneti. Kaseti imodzi yokhayo imene Badr anajambula ali mnyamata muno mu Meknes anthuwo anaitola pamsika wa zakale, n'kuiika poti aliyense amve. Tsopano mwini nyimbozo anali Ikram. Akangosaina, azichotsa.

"Bambo aakulu, inatu kulibe. Kaseti ya bambo inatayika kalekale."

"Ndiye bwino! Munthu aliyense akamvera zolalatazo, tchimo likulondola Badr kumanda. Ukufuna bambo ako azipsa chifukwa cha ng'oma?"

 Khansa inadya kholingo la Badr Ikram ali ndi zaka zinayi. Anakula ndi bambo wolankhula ndi manja ndi timapepala, ndipo mawu awo ankawamvera pa intaneti pomwepo basi.

Agogo ake, Lalla Zhor, anali atakhala pakona, mikanda yopempherera ili m'manja.

"Tayatsa nyimbozo ndimveko," anatero. "Ine sindinazimvepo."

"Amayi, pamaliro?" anatero Abdelhak.

"Unam'bereka ndiwe?"

Ikram anayatsa foni. Munatuluka mawu a mnyamata waukali, akulalatira ulova, akulalatira amimba zazikulu, osapumira. Kenaka pakati pa nyimbo panamveka mayi akuitana chapatali: "Badr! Mkatewu upite ku uvuni wa m'dera lathu!"

Waukali uja anadula mawu pakati. "Ndikubwera, amayi!" Patapata kuti pha pha pha, chitseko kuti gwa, ng'oma n'kutsala ikulira yokha. Abale, munthuyo sanafufute n'komwe, anangogulitsa kasetiyo ili choncho.

Abdelhak anayang'ana kukhoma. Lalla Zhor anapukuta maso ndi nsonga ya mpango, n'kutola cholembera, n'kuchiika m'dzanja la mdzukulu wake.

"Saina, mwanangu. Moto ndimauopa ine. Mwana uyu wavutika mokwanira."

Ikram anasaina akulira, dzina lake n'kupindika. Abdelhak anapinda pepala n'kuliika m'thumba.

Gogoyo anasendeza foni ija pafupi ndi khutu lake.

"Asanachotse," anatero, "tabwezera pamene akundiyankha paja."