Anadzimbiri ndi Denga Latsopano

Anadzimbiri amafika kwathu mitambo ya mvula ikayamba kuunjikana. Ndi tinyama tangati mbewa yonenepa, taubweya wofiirira ndi mapiko onga a mleme, ndipo lilime lawo n'lokhakhala ngati tupa. Amachokera kumapiri akutali kumene amanyambita miyala yofiira. Mphepo ikakula paulendo, aliyense amaluma mchira wa mnzake, mzere wonse n'kumaoneka ngati chingwe choyanikira zovala chimene chaduka. Kuno chakudya chawo ndi dzimbiri basi. Mlengi sasowa nzeru: chimene ife timadandaula nacho, ena anawaikira kuti chikhale chakudya.

Kuyambira ndili mtsikana ankaikira mazira kudenga la tchalitchi chathu, chifukwa malata ake anali akale. Aakazi amanyambita dzimbiri kuti chigoba cha dzira chilimbe, ndipo akamafungatira amalira chapansipansi ngati besi. Ife a kwaya tinkatengera pomwepo poyambira nyimbo. Komanso nadzimbiri amabwerera kokha kumene anabadwira. Mazira akalephera chaka chimodzi, malowo aiwalika mpaka kalekale.

Koma dengalo linkadontha, moti anthu ankapemphera atafunda maambulera. Chilimwe chatha mpingo unakhoma malata atsopano, akalewo wogula zitsulo anatenga. Tinaimba nyimbo zoyamika mpaka mawu kusasa. Za alendo athu palibe anaganiza.

Amuna anga amakonza njinga, ndipo anthu amawatcha a Chidzafunika, chifukwa sataya kanthu. Kuseri kwa nyumba yathu kunali mulu wa mafelemu, matcheni, makasu othyoka ndi njinga yakale imene ankabwera nayo pondifunsira. Ndinali nditawauza kuti Loweruka wogula zitsulo abwera kudzasesa zonse.

Lachinayi, popita kokaphunzira nyimbo, ndinapeza anadzimbiri atafika. Ankatera padenga n'kumaterereka ngati ana pamatope. Pabenchi yathu ya alito panali dzira, lotuwa, lofewa ngati phwetekere wakupsa. Ndinalitengera m'mpango n'kuthamangira kwa mlamu wanga, kalipentala amene anakhoma dengalo.

"Alamu, taonani ntchito ya manja anu," ndinatero.

"Yanga? Si inu munkaimba kwambiri tsiku lija, mpaka mwana wa abusa kulira?" Analigwira dziralo ndi chala, nkhope n'kugwa. "Malata awa sachita dzimbiri msanga. Ndinasankha ndekha, abwino zedi."

"Ndiye akadzachita dzimbiri, adzanyambite ndani?"

Tinakapeza amuna anga akumata chubu. Anamvetsera nkhani yonse osadzutsa mutu, kenako anapukuta manja pang'onopang'ono.

"Mayi, mwati mukufuna chiyani? Khutu ili limavuta."

"Zitsulo zanu zija, bambo."

"Ziti? Nyansi zija zikuchoka Loweruka?"

"Achimwene, musazunze mlamu wanga," anatero kalipentala, akubisa kuseka.

"Sindikumuzunza. Ndikungofuna anene mawu amodzi okha."

"Zafunika," ndinatero.

Anaseka mpaka kukhala pansi. Atadzuka anakatenga wilibala.

Sitikanangounjika zitsulozo pabwalo, chifukwa nadzimbiri sadyera pansi, amaopa amphaka. Mlamu anakwera makwerero n'kumazimangirira kumitanda ya denga ndi waya, ife tikumupatsira. Anadzimbiri ankasuzumira m'mphepete mwa malata, timphuno tikunjenjemera. Koma anali ambiri, ndipo mlamu atayang'ana anapukusa mutu.

"Sizikwana. Achimwene, njinga ija ili ndi dzimbiri kuposa zonsezi."

Apa amuna anga anasiya kuseka. "Imene ija ayi. Akandidyera mpaka kubooka?"

Sindinawakakamize. Ndinangotsegula mpango uja kuti aone dziralo. Analiyang'ana nthawi yaitali, kenako anatuluka. Atabwerera anali atanyamula njinga ija paphewa, chifukwa mawilo ake sankazungulira.

"Wopatsa mokondwera ndi uyu," ndinatero.

"Kupatsa ndapatsa. Kukondwerako mundidikire."

Lamulungu mpingo unapemphera pansi pa makasu ndi matcheni. Abusa atakwera paguwa anakweza maso kumwamba monga amachitira, n'kuona njinga ikulendewera pamutu pawo. Anasuntha pang'ono, n'kupitiriza pemphero. Ulaliki wonse tinkamva kwee kwee, malilime akupala chitsulo, ndipo fumbi lofiira linkagwera pa mipango yathu yoyera. Palibe anadandaula. Amayi ena anayamba kubweretsa mapoto obooka ndi mbaula zakutha. Wogula zitsulo uja anali atabwerera chimanjamanja dzulo lake.

Ndinkalowa m'tchalitchi m'mawa uliwonse kuyang'ana pamabenchi, ndikupemphera chamumtima. Mazira ofewa anagwabe kwa masiku angapo, kenako anasiya. Tsiku lina tikuphunzira nyimbo, wotsogolera kwaya anakweza dzanja kuti tiyambe, ndipo kudenga kunamveka besi ija, yozama, yosagwedezeka. Mlamu anakwera kukasuzumira.

"Mazira ofiira ngati njerwa!" anakuwa. "Kugogoda akulira ngo ngo!"

Tinaimba nyimboyo misozi ili m'masaya, ndipo alito sitinaphonye ngakhale pamodzi.

Kuzizira kutayamba anadzimbiri ananyamuka, ana atalumana michira kumapeto kwa mzere. Tinatsitsa zitsulo. Makasu ena anali atasanduka sefa, koma njinga inatsika ikunyezimira ngati ya m'sitolo. Amuna anga anaithira mafuta, n'kuika matayala ndi chishalo, ndipo Lamulungu anandikweza pakaliyala. Belu lokha ndi limene linakana kulira, ndiye njira yonse ankaimba besi kuti anthu apatuke.

Kuseri kwa nyumba mulu wayambanso kukula. Madzi otsukira mbale ndimathira pomwepo, kuti zichite dzimbiri msanga.