Inde wa Mayi Herminia

"Abelenda?" anaitana wapampando, cholembera chili m'manja.

"Inde," anayankha Mayi Herminia Abelenda, ndi mawu awo aja a m'khitchini ya pasukulu, omveka ngakhale mapoto akusokosa.

"Bouzas?"

"Inde."

Inde uja anazungulira tebulo lonse mpaka anakafika kwa wapampando mwiniwakeyo, Bambo Anxo Taboada, wogulitsa mankhwala, amene lamulo linkafuna kuti aziyankha pomalizira. Onse asanu ndi anayi anavomera. Aka kanali kachitatu m'mawa umenewo, ndipo Mayi Herminia, kunena zoona, zinkawakomera.

Anthu asanu ndi anayiwa sankadziwana. Maere a boma ndiwo anawatola m'chigawo cha Ourense kuti aweruze mlandu wa Delfín Quiroga, mkulu wazaka 68 woweta mbuzi. Ankamuimba mlandu woti m'mwezi wa Ogasiti anayatsa tchire paphiri la kumudzi kwawo, moto n'kulusa mpaka kupsereza mitengo ya paini ndi ming'oma ya njuchi makumi anayi ya mnansi wake. Loya wa boma ankafuna kuti akaseweze zaka zisanu. Masiku atatu anamvetsera mboni, ndipo tsopano jaji anawapatsa pepala la mafunso anayi, mafoni n'kuwalanda, mlonda n'kukhala pakhomo.

Lamulo lake linali losavuta kumva. Aliyense ayankhe mokweza, motsata mndandanda wa mayina, ndipo palibe wololedwa kukhala chete. Kuti munthu amangidwe pafunika inde asanu ndi awiri. Kuti amasulidwe pafunika ayi asanu. Abelenda ndilo linali dzina loyamba pamndandandawo.

Funso loyamba linali loti kodi moto unayambira pamsipu wa Delfín. Lachiwiri, kodi anali atakangana ndi mwini njuchi. Lachitatu, limene anali atangoliyankha kumene, linali loti kodi kabokosi ka machesi kamene apolisi anatola panjira ya kuphiriko kanali kake. Kanali ndi dzina la bala ya m'mudzimo, kumene Delfín ankamwa khofi m'mawa uliwonse.

"Tikayenda chonchi, tikadyera kunyumba," anatero Ramiro Bouzas, woyendetsa takisi, akutikita manja. "Galimoto yanga yayamba kundiiwala."

Koma chakudya chinawapeza momwemo. Mlonda analowetsa msuzi wa kabichi ndi mbatatesi, buledi ndi khofi. Mayi Herminia anaulawa msuziwo n'kunena kuti wophika wake amadana ndi mchere. Kenaka anapisa m'chikwama kufuna mankhwala awo a kuthamanga kwa magazi. Anatulutsa mpango, makiyi, chipeso, ndiyeno dzanja lawo linagwira kanthu kena. Kanali kabokosi ka machesi, kolembedwa dzina la lesitilanti ya kunyanja, ku Vigo.

Anakayang'anitsitsa. Iwo sasuta. Ku Vigo anali asanapiteko zaka khumi. Mwina anakasiya kunyumba ndi mkamwini wawo, mwina anakatola pamoto wa kusukulu, sanathe kukumbukira. Msuzi uja anaukankhira pambali.

"A wapampando, funso lachitatu lija tilibwereze," anatero. "Ine ndalakwitsa. Taonani aka. Atakatola wapolisi pamalo popsa, ndiye kuti ndayatsa ndi ine? Machesi amayenda m'matumba a anthu ngati chimfine."

Bambo Taboada anafufuza papepala la malangizo, n'kupeza kuti malinga sanasainire, angathe kubwereza. Anapukuta pakamwa n'kuyambanso.

"Abelenda?"

"Ayi."

"Bouzas?"

"Ayi."

Anatero wachitatu, anateronso wachinayi. Palibe anafunsa funso, palibe ngakhale anapempha kuti akagwire kabokosiko. Ayi uja anayenda njira yomwe ija inayenda inde, ndi liwiro lomwelo, mpaka wapampando analemba kuti onse asanu ndi anayi akana.

Apa m'pamene Mayi Herminia anachita mantha.

"Taimani kaye," anatero. "Bambo Bouzas, ola lapitalo munati inde. Chasintha n'chiyani?"

"Mwasintha ndinu, mayi."

"Ndiye ndikati tidumphe pawindo, mudumpha?"

"Mukayamba ndinu, ndiona mmene mwagwera," anaseka Ramiro. "Musakwiye. Inu munakulira kumapiri, mukudziwa mmene abusa amatenthera tchire kuti paphuke msipu. Ife a m'tauni moto timauona pa TV. Galu wamkota sakandira pachabe."

"Tsopano mwandisandutsa galu?"

"Wamkota, mayi. Ndi ulemu umenewo."

Ena anaseka, koma Mayi Herminia sanaseke. Anatembenukira kwa Uxía Lamela, mtsikana wogulitsa nsapato, amene chiyambire Lolemba ankangodziluma zikhadabo.

"Nanga iwe, mwana wanga?"

Uxía anawerama. "Ine dzina langa limafika anthu anayi atayankha kale. Ndiye nditsutse anthu anayi aakulu, ine? Ndimaona ngati pali chimene ndaphonya."

"Inenso choncho," anatero wina kumapeto kwa tebulo.

"A Taboada, inu ophunziranu, musandiuze kuti nanunso," anatero Mayi Herminia.

Wapampando anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta, ngakhale anali oyera. "Pofika kwa ine amakhala atayankha asanu ndi atatu. Zimakhala zitatha kale."

Mayi Herminia anayang'ana papepala. Linatsala funso limodzi, lenileni: kodi zatsimikizika kuti Delfín Quiroga ndiye anayatsa motowo? Anali atakonza kale yankho lawo kuyambira tsiku loyamba, atangomuona mkuluyo akulowa ndi jekete yobwereka, maso ouma, wosaoneka n'komwe kuti akudandaula. Abusa oterowo anakula akuwaona. Akanangoti inde, inde asanu ndi atatu akanatsatira ngati nkhosa pachipata, ndipo munthu akanalowa m'ndende. Pepala likanati aweruza anthu asanu ndi anayi, chonsecho waweruza ndi mayi mmodzi wophika nyemba, amene ola lomwelo anali atalakwitsa pa nkhani ya machesi.

"Ine sindiyankha," anatero.

"Lamulo silikulola, mayi," anatero wapampando.

"Ndiye yambirani kumunsi."

"Silikulolanso. Akuti motsata mayina, mokweza."

"Mwati adzandifunse Mulungu ndekha za mkulu ameneyu, inu muli pambali mukuti tinkangotsatira? Ayi, abale anga. Mutu umodzi susenza denga. Boma likanafuna mutu wa Herminia wokha, silikanakuvutitsani kukuchotsani ku ntchito zanu."

Ramiro anayang'ana wotchi, koma nthabwala zinamuthera.

Mayi Herminia anakoka kope limene anawapatsa lolembamo, n'kuyamba kung'amba masamba. Anagawira aliyense limodzi, monga amagawira ana mbale pawindo la khitchini.

"Lamulo likuti tiyankhe mokweza. Kodi likuletsa kuti munthu alembe kaye yankho lake asanamve la mnzake?"

Bambo Taboada anawerenga malangizo aja kawiri, chala chikuyenda pamizere. "Silikuletsa."

"Basi. Aliyense alembe inde kapena ayi, ndi chifukwa chake chimodzi. Chifukwa chake, osati changa. Akatha avundikire. Poitana mayina, munthu awerenge chimene chili papepala lake, osawonjezera, osachotsera."

"Tabwereranso kusukulu," anadandaula Ramiro. "Ine mayeso ndinkakhoza pokhapokha ndikakhala pafupi ndi mwana wanzeru."

"Lero mwana wanzeruyo waphimba ndi dzanja," anatero Mayi Herminia.

Zinatenga nthawi kuposa mafunso atatu aja pamodzi. Anthu amene m'mawa ankayankha asanameze malovu tsopano ankaluma zolembera. Wina anapempha zithunzi za malo opsawo, wina mapu a phiri. Mayi wina anafunsa kuti mphepo tsiku limenelo inkachokera kuti, ndipo anakangana pang'ono mpaka anapeza pamene wozimitsa moto ananena. Ramiro anasuzumira kawiri kumbali ya Mayi Herminia, koma anangoona chigongono.

Nawonso sizinawaphwekere. Anayesa kumuchotsa m'maganizo Delfín wa maso ouma uja n'kutsala ndi umboni wokha. Moto unayambira pamsipu wake. Anali ndi mkwiyo. Mboni inati inamuona akutsika phiri utsi utangoyamba. Anaziyeza, anaziyezanso, ndipo mtima wawo unakana kusuntha. Analemba inde, n'kuvundikira.

"Abelenda?" anaitana wapampando.

"Inde. Moto unayambira pake, ndipo anamuona akutsika."

"Bouzas?"

Ramiro anavundukula pepala lake. Anayang'ana Mayi Herminia, anayang'ana pepalalo, n'kukanda m'mutu.

"Werengani, bambo inu," anatero Mayi Herminia. "Sindiluma."

"Ayi," anatero Ramiro, mawu atatsika. "Mboni ija ndi mlamu wake wa mwini njuchi. Funso lililonse, isanayankhe, imayamba yamuyang'ana mwini njuchiyo. Ine kuyang'ana kumeneko ndikukudziwa. Ndi mmene ndakhala ndikukuyang'anirani inu m'mawa wonse."

Wachitatu anati inde. Wachinayi anati inde. Kenaka linafika dzina la Lamela, ndipo Uxía anavundukula pepala lake.

"Ayi," anatero. "Mbuzi zake zinali kumene mphepo imalowera, ndipo ziwiri zinapsa. Munthu amene watha moyo wake wonse paphiri limenelo angayatse moto mbuzi zake zili kutsogolo kwake? Ine zimenezi zakhala zikundivuta kuyambira Lachiwiri."

"Kuyambira Lachiwiri, osanena?" anafunsa Mayi Herminia.

"Ndimaopa kuti mundiseka."

"Mphepo imatembenuka, mwana wanga, ngakhale abusa imawapusitsa," anatero Mayi Herminia. "Komabe funso lako ndi lolemera. Ine sindinaliganizire."

Atayankha asanu ndi atatu, panali inde anayi ndi ayi anayi. Kumumanga kunali kutakanika kale. Koma popanda ayi wachisanu sakanamasulidwanso, ndipo akanapitiriza kukokana, mwina mpaka mlandu kukayambiranso ndi anthu ena, mkuluyo akudikira chaka china. Maso onse anapita kwa Bambo Taboada.

"Chikhala kuti sindinalembe, sindikudziwa kuti ndikanatsamira kuti," anatero. Anatembenuza pepala lake n'kuliika pakati pa tebulo kuti aliyense aone. "Ayi. Mwina anayatsadi. Koma ine mankhwala sindipereka chifukwa cha mwina, ndiye ndipereke zaka zisanu?"

Mayi Herminia anatsamira pampando n'kupuma mpweya wautali. Anagonja, ndipo moyo wawo wonse anali asanamvepo kupepukidwa kotere chifukwa chogonja. Misozi inalengeza, iwo n'kunamizira khofi wotentha, chonsecho khofiyo anali atazizira kalekale.

"Mwakwiya, mayi?" anafunsa Uxía.

"Ndikwiyire chiyani? Bwera udye buledi uyu, wakhala ukudya zikhadabo sabata yonse."

Analemba zifukwa zawo monga lamulo likufunira, akukangana pa mawu alionse, ndipo phokoso lake linafika mpaka mlonda anagogoda kufunsa ngati kuli bwino. Cha m'ma folo anabwerera m'bwalo. Bambo Taboada anawerenga chigamulo ataimirira. Pepalalo linangonena chiwerengero, asanu kwa anayi, osatchula kuti wati chiyani ndani, pakuti zimenezo analumbira kuti sizidzatuluka m'chipinda chija. Delfín sanamve bwino. Anaweramira kwa loya wake, loyayo n'kumunong'oneza kukhutu, ndipo mkuluyo anakhala pansi mwadzidzidzi.

Panja dzuwa linali likadalipo. Mayi Herminia ankatsika masitepe, akuyatsa foni yawo, pamene anamva wina akutsokomola pambali pawo. Anali Delfín, chipewa chili m'manja. Pafupi chonchi, maso aja sanali ouma. Anali a munthu amene sanagone miyezi yambiri.

"Pepani, mayi, sindikudziwa ngati n'zololedwa," anatero. "Ine ndinakuonani tsiku loyamba lomwe. Ndinaona manja anuwo, ndinati awa ndi akumudzi, awa okha ndiwo andimvetse. Usiku uliwonse ndimapempherera inu. Mulungu akudalitseni."

Anawagwira dzanja ndi manja ake onse awiri, okhakhala ngati khungwa. Mayi Herminia anachita manyazi mpaka makutu kutentha. Pakamwa panayabwa kuti anene zoona, koma lumbiro linawatseka. Kaya anayatsa kaya sanayatse, iwo sankadziwa, ndipo anazindikira kuti sadzadziwa. Chimene ankadziwa n'chakuti munthu amene mkuluyu ankamudalira ndi yemweyo amene akanamumanga yekha.

"Musathokoze ine, bambo," anatero pomaliza. "Tinalipo asanu ndi anayi."

"Ndikudziwa, ndikudziwa," anatero Delfín, akumwetulira ngati munthu wosunga chinsinsi. "Koma ine ndikudziwa."

Anavala chipewa chake n'kuwoloka msewu kulowera kokwerera basi, akufulumira, pakuti mbuzi zinali kwa mnansi wina masiku anayi. Mayi Herminia sanapitirize kutsika. Anakhala pansi pamasitepe pomwepo, chikwama chili pamiyendo, n'kumuyang'ana mpaka anakhota pakona ali mfulu.