New York wa a Sitima

A Sitima anali atafika kale pa tsamba lachisanu pamene Rozaria analowa mu sitafurumu, manja ali mbuu ndi choko. Anawapeza atavala magalasi awo omanga ndi ulusi, akuchonga mapepala ake ndi cholembera chofiira ngati ndi ntchito ya mwana wa Fomu 1.

Mapepalawo Rozaria anakawasindikiza ku Limbe Loweruka, m'kanyumba kena ka intaneti, atamwa fumbi lonse la mumsewu wa Phalombe ali pamwamba pa matola. Anawatenga m'buku lalikulu la pa intaneti lija lofotokoza chilichonse, ndipo ankanena za misonkhano imene mayiko anachita kuyambira chakumapeto kwa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse. Sukulu yawo, sekondale yoyendera ya patsinde pa phiri la Michesi, inali ndi mabuku atatu okha a mbiri yakale. Onse atatu anali atathothoka masamba akumapeto, kumene kunali mutu umenewo.

Ana a Fomu 4 ankadalira kope la a Sitima. Linali kope lonenepa, lachikuto chakuda, limene iwo anakopa pa bolodi ali kukoleji mu 1974. Chaka ndi chaka ankaliwerenga mokweza ana n'kumalemba, ndipo ana amenewo akakhala aphunzitsi ankapita nazo notsizo kusukulu zawo. A Sitima ankanyada nazo zimenezi. Kunena zoona munthuyo ankaphunzitsa bwino, kungoti sanazolowere kufunsidwa funso limene yankho lake silinali m'kopemo.

“Madamu, khalani pansi,” anatero osadzutsa mutu. “Munandipempha kuti ndione ngati zinthu zanuzi zingapite kwa ana. Ndaona. Analemba ndani?”

“Amalemba anthu ambiri, sala. Aliyense wodziwa kanthu akhoza kuwonjezera.”

“Aliyense? Ngakhale wootcha makala ku Fort Lister?”

Aphunzitsi anayi amene ankadya kalongonda pakona anaseka. Rozaria sanaseke. Anali wa ku Ntcheu, atangotha chaka chimodzi pasukulupo, ndipo ndi iye yekha amene anavomera kudzathandiza a Sitima phunziro limeneli ena atatu atakana malowo.

“Onani apa,” anapitiriza a Sitima. “Mgwirizano wa ku Rome, umene unathetsa nkhondo ya ku Mozambique, aulemba mizere inayi. Inayi basi. Ife kuno tinagona ndi othawa nkhondo m'makhitchini mwathu, achibale athu enieni. Ine ndinaperekeza malume anga mpaka kumalire mtendere utabwera. Koma za azungu okhaokha alemba masamba khumi.”

Pamenepa mkuluyo analasa, ndipo Rozaria anavomera. “N'zoona, sala, pamenepo n'poperewera. Inuyo mukhoza kulemba bwino kuposa iwo.”

Akanalekera pomwepo bwenzi zinthu zitatha bwino. Koma kuseka kwa anzawo kuja kunali kutawakomera.

“Nanga ichi? Akuti chikalata chokhazikitsa bungwe la United Nations anasainira ku San Francisco. Mwana aliyense wa m'boma lino akudziwa kuti anasainira ku New York. Bodza lamkunkhuniza ili mukufuna kudyetsa ana milungu isanu mayeso asanayambe?”

“Sala, likulu lake ndi limene lili ku New York. Kusaina kunachitika…”

“Pamene ine ndinkayamba kuphunzitsa zimenezi inu munali musanabadwe.”

Analemba 3 pa 20 pamwamba pa tsamba loyamba, n'kuzunguliza. Kenako anachita chinthu chimene anadzanong'oneza nacho bondo moyo wawo wonse. Anatenga mapepalawo n'kukawakhoma pa bolodi la zidziwitso la pakhonde, pamene ana onse amadutsa popita kuchimbudzi.

Pofika Lachitatu ana anali atamupatsa Rozaria dzina loti Madamu Intaneti. Akalowa m'kalasi, anyamata akumbuyo ankagogoda madesiki ndi zala ngati akutayipa. Akanena kanthu, wina ankafunsa mwaulemu wonyoza kuti, “Zimenezo n'za m'kope la a Sitima kapena n'za ku Limbe, madamu?” Iye sanadandaule kwa wina aliyense. Anachotsa yekha mapepala aja, napitiriza kuphunzitsa, koma ku sitafurumu anasiya kubwera. Tiyi ankamwera pansi pa mtengo wa mango.

Milungu iwiri itapita, a Sitima anapita kumsika wa ku Migowi kukagula matayala a njinga. Kumeneko anakumana ndi Julius, mwana wawo wasukulu wakalekale, amene tsopano ankaphunzitsa mbiri yakale ku Zomba ndipo chaka chilichonse ankaitanidwa kukachonga mayeso a Fomu 4. Julius anawagwira dzanja ndi manja awiri, nawagulira Fanta. Atakhala pa benchi, a Sitima anafotokoza nkhani yonse ija monyadira, mpaka ndi 3 pa 20 yemwe.

Julius sanaseke. Anayamba kuchokocha chitsekerero cha botolo ndi chikhadabo.

“Bwanji, Julius?”

“Palibe, aphunzitsi.”

“Ndinakulera ine. Ukamanama makutu ako amagwedera. Nena.”

“Aphunzitsi, ndi San Francisco. Mu Juni, 1945.” Anaika botolo pansi. “Kochonga mayeso timazindikira mapepala a kuno ndi yankho limenelo. Wina akangoona New York amakweza pepala m'mwamba n'kunena kuti, awa ndi a ku Phalombe.”

A Sitima anayang'ana amayi amene ankapeta nandolo kutsidya kwa msewu. Anawayang'ana nthawi yaitali ndithu.

“Unadziwa liti?”

“Chaka changa choyamba kuyunivesite.”

“Zaka khumi ndi zisanu zapitazo. Ndipo Khirisimasi iliyonse umabwera kwathu ndi nkhuku.”

“Ndikanayamba bwanji, aphunzitsi? Inu ndinu amene munandilipirira mayeso bambo atamwalira. Tonse timadziwa, aphunzitsi a Kaliati a ku Chiringa akudziwa, anzanga a ku Mulanje akudziwa. Tinkangokonza m'makope mwathu mwakachetechete. Tinkati ndi malikisi amodzi okha, si oti n'kuchititsa nawo manyazi munthu wamkulu.”

Mawu amenewo anawapweteka kuposa kulakwa kwenikweniko. Boma lonse linkawasunga ngati dzira, ndipo munthu mmodzi yekha amene anawauza zoona pamaso ndi amene iwo anamukhoma pakhonde. Anabwerera kunyumba akukankha njinga, matayala atsopano ali pakhosi.

Lamlungu lonse anakhala akukonza mawu opepesera. Anaganiza zoti akanene pa asembule, kenako anaona kuti n'zazikulu kwambiri. Anaganiza zolemba kalata, koma anaing'amba kawiri. Lolemba anati adikire kaye mtima ukhale pansi. Lachiwiri kunali maliro kumudzi kwa akazi awo. Lachitatu m'mawa, ahedi anawaitana mu ofesi n'kuwaonetsa kalata yochokera ku ofesi ya maphunziro. Rozaria anali atapempha kusamuka tsiku lomwe lija la mapepala, ndipo malo anali atapezeka ku Balaka.

Anamupeza kunyumba kwake, kuseri kwa bwalo la mpira, akumanga matiresi ndi chingwe cha mphira. Galimoto yaganyu inali itaima kale pakhomo.

“Odi, madamu.”

“Fikani, sala. Pepani mipando yakwera kale.”

A Sitima anavula chipewa. Mawu onse amene anakonza aja anabalalika. “Ndi San Francisco,” anatero.

“Ndikudziwa, sala.”

“Ndinalakwa. Ndinakulakwirani kwambiri. Ndikhoza kupita ndekha ku ofesi kukawauza kuti kalatayo aibweze. Ana akukufunani, mayeso atsala milungu iwiri ndi theka.”

Rozaria anamaliza kumanga mfundo, kenako anaima. Sanaoneke wokwiya, ndipo zimenezi zinawavuta kwambiri a Sitima.

“Za mzindawo sindinadandaule nazo, sala. Aliyense amalakwa pokopa pa bolodi. Mapepala ajanso anali ndi zolakwika zake, ndinapezamo deti imodzi yosemphana ndi buku la ku koleji, n'chifukwa chake ndinabwera nawo kwa inu. Ndinkafuna tikhale pansi awiri, kope lanu uku, mapepala uku, tione chimene chili choona. Koma kalasi ija sindingaimemonso. Mwana akakuseka kamodzi mphunzitsi mnzako atamuloleza, basi kwatha.”

“Ndiwauza ndekha kuti wolakwa ndine.”

“Auzeni ndithu. Koma muwauze chifukwa cha mayeso awo, osati chifukwa cha ine.”

Woyendetsa galimoto analiza hutala. Rozaria anawapatsa dzanja mwaulemu, dzanja lina litagwira pachigongono, nakwera kutsogolo. A Sitima anathandiza kukankha galimotoyo chifukwa batire inali yofooka.

Piriyodi yachinayi inali yawo. Analowa mu Fomu 4 ndipo ana makumi asanu ndi limodzi anaimirira n'kupereka moni. Sanawauze kuti akhale pansi.

“Tsegulani notsi za United Nations. Pamene palembedwa kuti chikalata anasainira ku New York, khwatchani. Lembani San Francisco. Madamu aja ananena zoona. Ine ndi amene ndakhala ndikuphunzitsa zolakwika, kuyambira makolo anu ali pa mabenchi omwewa.”

Kenako zolembera zinayamba kukwecha, ana akulemba chiimirire. Anyamata akumbuyo aja anaweramitsa mitu.

Jenifer, mtsikana wa pa desiki yakutsogolo amene ankaloweza kope lonse ngati katekisimu, anakweza dzanja. Sankachita chipongwe. Nkhope yake inali ya munthu amene wachita mantha.

“Sala, nanga kwinaku? Tikhwatchenso pati?”

A Sitima anayang'ana masamba mazana awiri a kope lawo, kenako anayang'ana pawindo, kumene fumbi la galimoto ija linali litatsika kale.

“Sindikudziwa, mwanawe,” anatero. “Amene akanatiuza wapita.”