Chaka Chimene Ekow Sanachinyidwe

Anyamata a masiku ano akamanditamira magoloboyi awo a pa kanema ndimangowayang'ana. Sanamuone Ekow Bentsil. Chaka chathu chomaliza pa koleji ya aphunzitsi ya Esuakrom, dziko litangoyamba kudzilamulira, Ekow anasewera nyengo yonse osatola mpira mu ukonde ngakhale kamodzi. Ine ndinkasewera kumbuyo, pafupi naye, ndipo kunena zoona ntchito yanga yaikulu inali kumuombera m'manja.

Masiku amenewo ndimawasowa kwambiri. Loweruka tinkakwera lole ya nsomba, n'kukafika kubwalo tikununkha utsi wa hering'i. Majezi athu anasoka telala wa pamsika, ndipo tikatuluka thukuta utoto wake wobiriwira unkatsalira pamsana mpaka Lachiwiri. Tikapambana tinkakhala pamchenga kudya kenkey, nsima yathu yowawasa ija, ndi tsabola, aliyense akunama za chigoli chimene akanamwetsa akanapatsidwa mpira.

Ekow anali mwana wa msodzi, manja ake ngati nkhafi. Za uphunzitsi analibe nazo mtima, anabwera pa koleji chifukwa bambo ake anamukakamiza. Iye ankalota kukagwira pagolo ku Accra basi. Ndiye tsiku lina mphunzitsi wathu wa masewero, Bambo Dadzie, anatiuza kuti pa ndime yomaliza, yolimbana ndi koleji ya zaulimi, kudzabwera Bambo Lamptey a ku timu yaikulu ya mumzinda kudzamuona. Bambo amenewo sankayendera munthu kawiri.

Tsono aliyense ankadziwa kuti pa masewero aakulu sulowera pachipata. Adani amakhala atakwirirapo mankhwala, ukapondapo miyendo imalemera. Tonse tinali a kwaya, Lamlungu tinkaimba mpaka mitsempha ya pakhosi kuoneka, koma pa nkhani ya chipata panalibe wotsutsa. Nyengo yonseyo tinkalumpha mipanda. Vuto linali lakuti bwalo la tsiku limenelo linali ndi khoma la njerwa lotalika kuposa munthu.

"Aise, lero tingolowa ngati anthu," anatero Ekow akuliyang'ana. "Ili si lolumpha ayi."

Kaputeni wathu Fiifi Amissah anaseka. "Iwe, a zaulimiwa ntchito yawo ndi kukumba. Ukuganiza pachipatapo adzalapo chinangwa?"

"Nanga aphunzitsi bwanji akulowera pomwepo?"

"Iwowo athamanga? Kwera, mwana wa msodzi, ukuopa njerwa pomwe mafunde suwaopa!"

Bambo Dadzie anapitiriza ulendo wawo ngati sakumva. Tinakwerana pamapewa, mmodzimmodzi n'kugwera mkati. Ekow anali womaliza, ndipo anakwera yekha pogwirira njerwa. Anatera ndi phazi limodzi pamwala wobisika mu udzu, ndipo ine ndinamva kuti thyo! Nkhope yake inatuwa. Anandikoka jezi.

"Ato, ukangotsegula pakamwa, ubale watha."

"Koma kakoloyo..."

"Abwanawo abwera kudzaona manja. Manga zingwe zansapatozi, kokera kwambiri."

Ndinamanga. Zimene ndinaona masana amenewo sindinazionenso kwina kulikonse. Munthu ankaima ndi mwendo umodzi, winawo akungougunditsa pansi, koma mpira ukabwera ankauulukira. A zaulimi anatipanikiza ngati tawabera mbuzi. Fiifi anamwetsa chimodzi ndi mutu, kenaka chakumapeto woyimbira anawapatsa penate. Womenyayo anali ataona mwendo wodwala, ndipo anaponya mbali yomweyo. Ekow anadzikankha ndi phazi lothyokalo, n'kuukhwatcha mpira ndi nsonga za zala. Kukuwa kwake anthu ankayesa chisangalalo.

Wezulo yomaliza italira anangokhala pansi pagolo pomwepo. Anzathu anathamangira chikho. Bambo Lamptey anabwera pang'onopang'ono, atavula chipewa, akumwetulira.

"Mnyamata iwe, ndayenda dziko lonse kufuna manja ngati amenewa. Lolemba ubwere ku Accra. Tayimirira ndione kutalika kwako."

"Chabwino, bwana."

Ekow anagwira phewa langa, anadzikweza pang'ono, n'kugweranso pansi. Anayesa kachiwiri, milomo ataluma. Apa m'pamene abwanawo anayang'ana phazi, lomwe linali litatupa mpaka nsapato kuchita kuing'amba ndi mpeni. Anavala chipewa chawo.

"Ukachira udzandipeze," anatero, koma onse awiri ankadziwa kuti zathera pomwepo.

Pobwerera lole yonse inali nyimbo, ndipo Ekow, atamugoneka pa madengu, ankaimba kuposa tonse. Ine ndinakhala pambali pake nditamugwirira mwendowo. Dokotala anati akanapanda kuliponderanso phazilo likanalunzika bwinobwino. Ekow anaphunzitsa ana kumudzi kwawo mpaka imvi. Ku Accra anapitako ndithu patapita zaka, kukasoketsa nsapato ya chidendene chachitali ya mwendo uja, womwe unatsala waufupi.