Makiyi a Galimoto Mufuriji

Anzake ankamutchula kuti Makutu, poti pagulu lawo lojambula mafilimu a moyo wa anthu, iye ndiye ankagwira maikolofoni. Mkuluyu ankamva ngakhale nyerere ikatsokomola, ndipo mdani wake wamkulu anali furiji. Akalowa m'nyumba ya eni, moni asanathe n'komwe, wapita kale kukaizimitsa kuti kulira kwake kusalowe m'mawu. Vuto linali kuiyatsanso. Chaka chatha anaiwala, nyama ya eni nyumba inawola, ndipo dailekitala, mkulu wa gululo, anamuuza mosapsatira mawu kuti akadzabwerezanso, ntchito yatha. Kuyambira pamenepo, akazimitsa furiji ankaikamo makiyi a galimoto. Sungachoke wopanda makiyi, ndipo sungatenge makiyiwo osakumbuka kuyatsa.

Lachiwiri lina ankajambula bambo ena ometa tsitsi, amene ameta mitu ya mumsewu wawo kwa zaka makumi anayi. Makutu anazula chingwe cha furiji, n'kuika makiyi mkatimo pambali pa timabotolo ta mankhwala a shuga a bambowo, tija tosafuna kutentha.

Koma bambowo kulongolola kwake! Maola atatu anatha akusimba za makasitomala a dazi ofuna sitayilo. Pomaliza aliyense njala inali itamupota, ndipo anapakira zida mothamanga. Makiyi anali patebulo, Makutu anangowatola.

Atayenda kamtunda ndithu, Makutu anadzidzimuka.

"Makiyiwa ndawatenga pati?"

"Patebulo," anayankha wa kamera. "Bwanji?"

"Mayo ine! Mankhwala aja!"

Dailekitala anamuyang'anitsitsa. Makutu anatembenuza galimoto, mantha a ntchito ndi a moyo wa munthu atamugwira pamodzi.

Anapeza akazi awo a bambo aja ali pakhomo.

"Mwaiwala chiyani, achimwene?"

"Furiji, mayi. Pepani kwambiri, sindinayatse."

"Ndayatsa kalekale ine, mutangomaliza. Ndimafuna madzi, ndapezamo makiyi. Ndati koma anthu a mafilimuwa mitu ikuyenda bwino? Ndiye ndawaika patebulo."

Mwamanyazi, Makutu anafotokoza chifukwa chake. Mayiwo anasiya kuseka. Anapita pamsomali wa kuseri kwa chitseko, n'kutenga makiyi a shopu ya amuna awo, n'kukawaika pamwamba pa mankhwala aja.

"Zaka zisanu ndi zitatu ndikulimbana nawo awa, m'mawa uliwonse ati aiwala jakisoni. Tione mawa shopu atsegula ndi chiyani."

"Mwandigulitsa, achimwene!" anakuwa bambowo ali kuchipinda.

Dailekitala anaseka mpaka misozi. "Makutu, tulutsa maikolofoni. Mayi, tanenaninso zimenezo."

Makutu anavala mahedifoni. Furiji inkalira bwino lomwe kumbuyo kwa mawu a mayiwo. Dzanja lake linapita lokha kuchingwe, koma analibweza, n'kuisiya kuti izilira.