Mawu a Mlongo Wake M'disiki Yowola

Tsiku limenelo dzuwa linali loswa mtengo, malata a shopu akuthetheka. Wokonza makompyuta anali pa sikirini chiyambire m'mawa. Patebulo panali disiki ya malemu mlongo wake, momwe munali nyimbo makumi anayi zomwe mayiyo ankadzijambula akuimba. Mawu ake kunalibenso kwina.

Disikiyo inali ndi malo owola. Pulogalamu yomwe iye anaikamo inkaiwerenga kachigawo kamodzikamodzi, n'kumakopera zopulumuka ku disiki ina. Kachigawo kabwino kankabiriwira pa sikirini. Kowola kankafiira, ndipo pulogalamu inkakabwereza mpaka kawerengeke. Linali tsiku lachitatu.

Masana kunafika mlamu wake, mwamuna wa malemuyo, makanika yemwe anthu ankamutcha Nyundo. Anafunsa ngati zatha, poti mwana wake wamkazi ankafuna kumva mawu a mayi ake asanalowe m'banja Loweruka. Wokonzayo anangoloza sikirini. Nambala inali itaima pa kachigawo kofiira.

"Chaima ichi, alamu. Injini ikavuta timaigogoda."

"Musakhudze tebulo. Muli singano ikuwerenga m'katimo."

Nyundo anaseka, nati sukulu imapusitsa anthu. Anamenya tebulo ndi chibakera. Disiki inadumpha, n'kuyamba kulira kuti tche, tche, tche. Mzere wonse pa sikirini unafiira.

Wokonzayo anayamba wazula chingwe cha magetsi. Kenako ananyamula mpando n'kumukhoma nawo mlamu wakeyo pakamwa. Nyundo anamukanyanga pakhosi ndi manja amafuta aja, namugunditsa mutu kukhoma kawiri. Anagwera limodzi pa shelefu, masikirini akale n'kuswekera pansi. Wokonzayo anamuluma chala mpaka pafupa, osasiya. Anachita kuwalekanitsa ndi wometa tsitsi ndi telala a mashopu oyandikana.

Nyundo analavula magazi, nafunsa ngati munthu angaphe mlamu wake chifukwa cha kachitsulo.

"Mlongo wanganso munkamugogoda chonchi," anatero wokonzayo. "Zaka khumi ndi zisanu ndinakhala chete."

Telala anayang'ana pansi. Nyundo anatuluka atagwira chala, dzino lake atalisiya pasimenti.

Wokonzayo anapukuta magazi omwe ankatsikira m'diso, nayatsanso kompyuta, n'kuyang'ana disiki inayo. Nyimbo zisanu ndi ziwiri zinali zitapulumuka. Anazikopera mufulashi, anakhoma shopu, napita nazo kwa mwana wa mlongo wake.