A Nyundo ndi Bondo la Mwamuna Wanga

Mwamuna wanga, amene ochemerera mpira amamutchula kuti Kamphepo, atamwetsa chigoli chake cha makumi atatu ndi chimodzi mu timu ya dziko, anafanana ndi a Nyundo. A Nyundo ndi bambo wachikulire amene anasiya mpira ine ndisanayambe sukulu, ndipo chisiyireni palibe anafikapo pa zigoli zawo. Kunatsala chigoli chimodzi kuti dzina lawo litsike, la mwamuna wanga likwere.

Sabata yomweyo a Nyundo anatulukira kwathu. Anaimika galimoto yawo yakale pageti n'kulowa atanyamula jumbo ya malalanje. Sitinkadziwana, kupatula moni wa pabwalo.

"Ndabwera kudzaona mwana amene akufuna kundilanda mpando," anatero akuseka. "Apongozi, musandiope, mano anatha kalekale."

Mwamuna wanga anasangalala ngati mwana. Ali wamng'ono ankagona ndi chithunzi cha a Nyundo kumutu kwa bedi, ndiye tsiku limenelo anawapatsa mpando wake weniweni, iye n'kukhala pa kasitulu.

A Nyundo anabweranso, n'kubweranso. Ine ndimagwira ntchito pa saluni, ndipo ntchito imeneyi imaphunzitsa munthu kuona kumene maso a mnzake akupita. A Nyundo sankayang'ana mwamuna wanga kumaso. Iye akadzuka kukatenga madzi, maso awo ankatsikira kumiyendo n'kumulondola mpaka kukhitchini. Mafunso awonso anali achilendo. Masitepe umatsika bwanji? M'mawa ukadzuka, mwendo uti umalemera? Tsiku lina anabweretsa kabotolo ka mankhwala opaka, ati ndi a minofu.

Kabotoloko ndinakabisa m'chikwama n'kukakaonetsa kwa wogulitsa mankhwala. Anakanunkhiza, anawerenga pambali pake, n'kundiuza kuti ndi mankhwala wamba a pashelufu. Ndinachita manyazi pang'ono, komabe kunyumba sikanabwerere.

Timu ya dziko inasewera kawiri, mwamuna wanga osagoletsa. Mpira wina unamupeza yekhayekha pamaso pa goloboyi, iye n'kuumenyera kumwamba. Ku saluni azimayi sanandisiye.

"Asisi, munthu amene mukufuna kumulanda ulemerero mumamuthirira tiyi m'nyumba mwanu?" anafunsa mayi wina ndikumuluka.

Madzulo ndinamuuza mwamuna wanga kuti maulendo a mkuluyo sakundisangalatsa.

"Mayi a mwana, mlendo ndi amene amadza ndi kalumo kakuthwa," anatero.

"Kalumo komweko kamachekanso, bambo."

Sanaseke. Anati ndili ndi mtima wa apolisi, n'kukweza mawu a kanema.

Masewero otsatira anali a pakhomo, ndipo timu yobwerayo inali yofooka, yoti aliyense amangoigoletsa. Mzinda wonse unkati rekodi ya a Nyundo ikugwa Loweruka. Lachiwiri masana mwamuna wanga anabwera kuchokera ku kampu ya timu ya dziko atanyamula chikwama chake chonse. Anakhala pakhonde osavula nsapato.

"A kochi andibweza," anatero. "Akuti sindisewera mpaka adokotala aunike bondo. Wina wawauza."

"Bondo liti?"

Anawerama. Kenako anapinda buluku. Bondo lamanzere linali lotupa, lokulungidwa ndi bandeji. Kwa miyezi ankabayitsa jakisoni wopha ululu mwakabisira, n'kumagona atavala buluku la masewero, ine n'kumati ndi kuzizira. Ndinamuyang'ana, osadziwa woyamba kumukalipira ndani.

M'mawa mwake sindinatsegule saluni. Ndinapita ku shopu ya a Nyundo, kumene amagulitsa mipira, majezi ndi nsapato zosewerera. Pamwamba pa chitseko panali chikwangwani cholembedwa kuti "Mfumu ya Zigoli", ndipo penti yake inali yatsopano, ikunyezimira. Ndinawapeza akupopa mpira.

"Bambo, ndinu munawauza a kochi?"

"Ndine, apongozi. Khalani pansi."

Sindinakhale. "Mwadya m'nyumba mwanga mwezi wonse. Bwanji simunandiuze ine?"

"Mwini wake ndinamuuza, anandiseka. Inu mukanandikhulupirira? Mankhwala anga aja ali kuti?"

Iwo anaika pampu pansi n'kukweza mwendo wa buluku. Bondo lawo linali lopindika, lili ndi chipsera chachitali ngati zipi.

"Inenso ndinkati masewero amodzi okha," anatero. "Lero pokwera basi amachita kundigwira mkono."

"Timu ikubwerayi ndi yofooka. Akanalowa mphindi khumi, kumenya penate, basi. Simukanadikira Loweruka lidutse?"

"Bondo silidziwa kuti timu ndi yofooka."

"Ndiye mukundiuza kuti rekodi yanu sinakudutseni m'mutu?"

Anatembenuza mpira uja m'manja.

"Ndikati sinadutse ndiye kuti ndanama," anatero. "Munthu sukondwa kuona dzina lako likufufutidwa uli moyo. Koma kaya mtima wanga ndi woyera kaya ndi wakuda, bondo lija ndi lotupa."

Ndinawafunsa kuti chikwangwani anachipenta liti. Anati mvula inachiwononga. Ndinatuluka osatsanzika.

Adokotala atajambula bondo anapeza kuti mtsempha unatsala pang'ono kudukiratu. Ndinawafunsa ngati akanatha kusewera mphindi khumi zokha. Anakweza mapewa n'kunena kuti mwina akanatha, mwinanso akanatuluka pa machira osadzabwereranso. Ndinkafuna yankho limodzi, iwo anandipatsa awiri.

Masewero a Loweruka tinaonera pa kanema wa m'chipatala. Timu yathu inagoletsa mpaka ochemerera kutopa. Kamnyamata katsopano, kamene kanavala nambala ya mwamuna wanga, kanamwetsa zitatu, chimodzi cha penate. Penateyo ikumenyedwa, mwamuna wanga anatembenukira kukhoma. Kanema anaonetsa a Nyundo ali pa mipando ya alendo olemekezeka akuomba m'manja. Ndinaiyang'anitsitsa nkhope yawo, koma sindinawerengepo kanthu.

Opaleshoni inayenda bwino, ngakhale kuchira kunatenga pafupifupi chaka. A Nyundo ndiwo ankamutengera kofewetsa mwendo pa galimoto yawo ine ndikakhala ku saluni, ndipo mafuta sanatipemphepo. Atachira anabwerera ku kalabu yake n'kuyambanso kugoletsa, koma a kochi a timu ya dziko sanamuitanenso. Anati akumanga timu ya achinyamata. Mpaka lero pa wailesi amatchula mayina awiri pamodzi, a Nyundo ndi Kamphepo, ndipo loyamba kutchulidwa ndi la a Nyundo.

Mwamuna wanga amati mkuluyo anamupulumutsa. Akamathamangitsana ndi mwana wathu pabwalo la nyumba, ine ndimavomera kuti mwina ndi zoona. A Nyundo akabwera ndimawalandira, tiyi ndimawapatsa, koma m'chipinda chochezera sindichokamo.

Mwezi watha tikudya, mwamuna wanga anandiuza kuti kamnyamata kaja tsopano kadutsa zigoli makumi awiri, ndipo kakwatira.

"A Nyundo akumulangiza bwino," anatero. "Masiku ano sasowa kunyumba kwake."

Ndinasiya kudya. "Mnyamatayo miyendo ili bwino?"

"Ili bwinobwino. Wayambanso eti?"

"Sindinayambe kalikonse. Ndipatseni nambala ya mkazi wake."

Anandiyang'ana nthawi yaitali, akutafuna pang'onopang'ono. Kenako anapukuta m'manja, anatenga foni yake n'kuyamba kuifufuza.